Nduna ya Hitler imene inandinamiza ili m'manda

Ambiri a ife tinakumana ndi Hitler koyamba akukalipira timu ya mpira. Mukukadziwa kakanema kaja: ali m'chipinda cha pansi pa nthaka, akuvula magalasi dzanja likunjenjemera, akuuza ena kuti atuluke, kenako n'kuyamba kukuwa ngati wapenga, ndipo m'munsi wina walembamo mawu onena kuti Arsenal yagonjanso kapena kuti mayeso awasuntha tsiku. Kachidutswa kameneka n'kochokera mu filimu ya 2004 yotchedwa Der Untergang, imene anatsogolera ndi Oliver Hirschbiegel, ndipo amene akukuwayo ndi Bruno Ganz. Ine ndinaseka nako kwa zaka zingapo ndisanaonere filimu yonse.

Nditaionera, amene anandikhala m'mutu sanali Hitler ayi. Anali bambo wina wodekha, wovala bwino, wolankhula motsitsa mawu, dzina lake Albert Speer. M'filimumo amabwera kudzatsanzikana ndi bwana wake mzinda wa Berlin ukuyaka, n'kumuuza pamaso kuti lamulo lija loti aphwasule milatho, mafakitale ndi njanji za dziko lonse iye sanalitsate. Ndinamukonda. Ndinati mumtima, pakati pa zilombo zonsezi uyu yekha ndiye anali ndi mutu.

Patapita miyezi ingapo, ndikuwerenga zoti ndilembe ntchito ya m'kalasi, ndinapeza kuti nkhani ya kuulula imeneyi inachokera m'buku la Speer mwini wake, ndipo akatswiri a mbiri yakale sakhulupirira kuti inachitikadi. Kunena zoona zinandipweteka. Munthu anamwalira mu 1981, ine ndisanabadwe n'komwe, koma anakwanitsa kundinamiza kudzera pakamwa pa wochita zisudzo Heino Ferch. Kuyambira pamenepo ndakhala ndikufunsa kuti kodi munthu amene amaima kuseri kwa kamera, n'kumauza anzake kuti iwe khala apa, iwe lira pano, ali ndi udindo wanji pamene anthu amene akuwayerekezawo anakhalakodi, ndipo ena anapha, ena anaphedwa? Kulibe kumene funsoli alimbana nalo kwambiri kuposa pa TV ya ku Germany.

Choyamba tidziwe kuti TV ya kumeneko ndi yotani. Pali mawailesi aakulu awiri a anthu onse. ARD inakhazikitsidwa mu 1950 ndipo ndi mgwirizano wa mawailesi a m'zigawo, monga WDR ya ku Köln ndi NDR ya ku Hamburg. ZDF, ya ku Mainz, inayamba kuulutsa pa 1 April 1963. Ndalama zake zambiri sizichokera kwa otsatsa malonda kapena m'thumba la nduna, koma khomo lililonse limapereka kangachepe mwezi ndi mwezi, panopa mayuro 18.36. Kugawa mphamvu m'zigawo chonchi kunali dala, chifukwa anthu anali ataona zimene Joseph Goebbels anachita pamene wailesi yonse inali m'dzanja limodzi. Zotsatira zake n'zakuti pali ndalama zopangira masewero aatali, odula, onena za kale, ndipo madzulo amodzi anthu mamiliyoni amatha kukhala pansi n'kuonera nkhani imodzimodzi ya agogo awo. Wotsogolera sewero lotere amaphunzitsa anthu ambiri kuposa mapulofesa onse a dzikolo kuwaphatikiza pamodzi.

Pali chikhulupiriro chakuti anthu a ku Germany anangokhala chete pa za Ayuda mpaka Amereka atawatsegula pakamwa. Si zoona kwenikweni. Mu 1965 Egon Monk, amene anaphunzira ntchito kwa Bertolt Brecht, anapanga sewero la pa TV lotchedwa Ein Tag, losonyeza tsiku limodzi m'ndende yozunzirako anthu mu 1939, kuchokera pa zimene anakumana nazo Gunther Lys yemwe anamangidwapo ku Sachsenhausen. Linali sewero louma, lopanda zokometsera. Koma chimene chinagwedeza dziko chinachokeradi kunja. Mu January 1979 mawailesi a m'zigawo a ARD anaonetsa sewero la ku America la zigawo zinayi lotchedwa Holocaust, lonena za banja lopeka la Ayuda a ku Berlin, la a Weiss, momwe munali Meryl Streep ndi James Woods. Akatswiri ambiri analinyoza kuti ndi sewero la misozi yotchipa. Otsatira maganizo a Nazi anaphulitsa mabomba pa nsanja ziwiri zoulutsira mawu kutatsala masiku ochepa kuti lionetsedwe. Komabe anthu pafupifupi 20 miliyoni anaonerako, masauzande anaimba foni ku wailesi, ena akulira, ndipo chaka chomwecho nyumba ya malamulo inachotsa malire a zaka zimene munthu angazengedwe mlandu wakupha. Sindikunena kuti sewerolo lokha ndilo linasintha lamulo, chifukwa mkangano wake unalipo kale, koma aphungu anavota dziko lili lotentha ndi zimene linaona.

Opanga mafilimu a ku Germany anachita manyazi, enanso anakwiya. Edgar Reitz anadandaula poyera kuti Amereka awalanda mbiri yawo, ndipo yankho lake linali Heimat ya 1984, zigawo 11, maola oposa 15, nkhani ya mudzi wopeka wa Schabbach kumapiri a Hunsrück kuyambira 1919 mpaka 1982. Ndi ntchito yokongola, koma ambiri anaona kuti m'mudzimo kuphedwa kwa Ayuda kumangodutsa chapatali ngati mvula ya kuseri kwa phiri. Apa ndi pamene vuto linaonekera poyera. Ukafotokoza nkhani kuchokera kwa anthu wamba a m'mudzi, owonera amawakonda ndi kuwakhululukira. Ukaifotokoza ndi zikalata zokhazokha, owonera amasintha tchanelo.

Munthu amene anapeza njira yapakati ndi Heinrich Breloer, wobadwa mu 1942 ku Gelsenkirchen, yemwe anagwira ntchito zaka zambiri ndi mnzake Horst Königstein wa ku NDR. Njira yake ndi yosavuta kuifotokoza koma yovuta kuichita. Amatenga zinthu zitatu n'kuzilukira pamodzi: mafilimu enieni akale, kucheza ndi mboni zamoyo, ndi zigawo zoseweredwa ndi a zisudzo. Chinsinsi chili pa kadulidwe. Wochita zisudzo akatsegula chitseko, kamera imalumpha n'kukafika kwa nkhalamba imene inalidi m'chipindamo, ikutiuza kuti ayi, sizinali choncho, kapena ikungokhala duu osapeza mawu. Msoko saubisa. Woonera amakumbutsidwa mphindi iliyonse kuti ichi n'choyerekeza, ichi n'chokumbukira, ichi n'cholembedwa, ndipo zitatuzi sizigwirizana nthawi zonse.

Anaigwiritsa ntchito mu 1997 pa Todesspiel, nkhani ya mu 1977 pamene gulu la RAF linaba mkulu wa olemba anthu ntchito Hanns Martin Schleyer ku Köln pa 5 September, anzawo n'kulanda ndege ya Landshut imene inakapulumutsidwa ku Mogadishu pa 18 October. Helmut Schmidt, yemwe anali mtsogoleri wa boma pa nthawiyo ndipo anakana kusinthanitsa akaidi ndi moyo wa Schleyer, anakhala pamaso pa kamera ya Breloer. Anakhalaponso Peter-Jürgen Boock, mmodzi wa akubawo. Kenako mu 2001 kunabwera Die Manns, mbiri ya banja la wolemba mabuku Thomas Mann, momwe Armin Mueller-Stahl anasewera bamboyo, ndipo mwana wake weniweni Elisabeth Mann Borgese, ali ndi zaka zoposa 80, ankayenda ndi Breloer m'malo amene banjalo linakhalamo. Mayiyo anamwalira mu February 2002, patangopita miyezi iwiri sewerolo litaonetsedwa, ndipo chaka chomwecho linapata mphoto ya International Emmy. Ndikaganiza kuti akanachedwa chaka chimodzi mboniyo sakanaipeza, ndimamvetsa chifukwa chake ntchito yotereyi imakhala mpikisano ndi manda.

Komatu Thomas Mann anali wolemba mabuku amene anathawa Hitler. Kumuyerekeza molakwika kungakhumudwitse banja ndi owerenga, basi. Speer anali nkhani ina.

Albert Speer anabadwira ku Mannheim mu 1905, m'banja lolemera la akatswiri ojambula mapulani a nyumba. Hitler, amene ankadziona ngati mmisiri wolephera mwayi, anamukonda mnyamatayu. Mu January 1937 anamupatsa udindo womanganso Berlin yense kuti akhale likulu la dziko lapansi, kuphatikizapo holo imodzi yolowa anthu 180,000. Mu February 1942, Fritz Todt atafa pa ngozi ya ndege, Speer anakhala nduna ya zida za nkhondo ali ndi zaka 36. Mafakitale ake ankayenda ndi thukuta la anthu mamiliyoni ogwidwa ukapolo m'mayiko olandidwa ndi akaidi a m'ndende zozunzirako. Nkhondo itatha anaima pa mlandu ku Nürnberg, ndipo pamenepo ndi pamene anaonetsa luso lake lenileni. Anzake ankakana chilichonse kapena kukankhira kwa Hitler. Iye, mwaulemu ndi modzichepetsa, anavomera kuti monga nduna ali ndi mbali pa zonse zimene boma linachita, koma ananena kuti za kuphedwa kwa Ayuda sankazidziwa. Anavomera chachikulu chopanda nkhope kuti akane chaching'ono chimene chikanamupachikitsa. Fritz Sauckel, amene ankamusonkhanitsira akapolo, munthu wosaphunzira kwambiri ndi wolankhula mwamwano, anapachikidwa pa 16 October 1946. Speer, amene ankaitanitsa akapolowo, anapatsidwa zaka 20.

Ku ndende ya Spandau ankalima dimba, ankazembetsa timapepala masauzande kudzera mwa wogwira ntchito wina wachifundo, ndipo ankazungulira bwalo tsiku ndi tsiku akuwerengera mtunda ngati akuyenda ulendo wozungulira dziko, mpaka anapitirira makilomita 31,000. Anatuluka pa 1 October 1966 atolankhani akumudikira ngati katswiri wa nyimbo. Mu 1969 anatulutsa buku la zokumbukira zake, Erinnerungen, mothandizidwa ndi mtolankhani Joachim Fest ndi wosindikiza mabuku Wolf Jobst Siedler. Linagulidwa kwadzaoneni. N'chifukwa chiyani? Ine ndikuona kuti Speer anapatsa m'badwo wonse mphatso imene unkaifuna. Ngati nduna imene inkadya ndi Hitler sinkadziwa, nanga kalaliki wa ku positi ofesi akanadziwa bwanji? Mwana akafunsa kuti bambo munali kuti, bambo ankangoloza buku la pa shelefu.

Opanga mafilimu anameza nyambo imeneyi mosavuta, chifukwa Speer anali mboni yabwino kwambiri: anali m'chipindamo, ankakumbukira mtundu wa makatani, ankadziwa kufotokoza nkhani yokhala ndi chiyambi ndi mathero. Chimene chinandidabwitsa n'chakuti Marvin Chomsky, yemwe uja anatsogolera Holocaust, ndi yemwenso mu 1982 anasandutsa buku la Speer kukhala sewero la pa TV ya ku America, Rutger Hauer akusewera Speer. Ndipo Der Untergang, imene inandikola ine, inatsamira pa buku la Joachim Fest yemwe uja.

Chonsecho akatswiri anali atayamba kale kugwetsa khoma. Mu 1971 Erich Goldhagen anasonyeza kuti pa 6 October 1943, pamene Heinrich Himmler analankhula mosabisa kwa akuluakulu a chipani ku Posen za kupha Ayuda ndi akazi ndi ana omwe, Speer anali pa msonkhano wa tsikulo ndipo Himmler anamutchula dzina. Speer anayankha kuti anali atachoka masana. Mu 1982 Matthias Schmidt anaulula kuti buku la zochitika mu ofesi ya Speer, limene linaperekedwa kosungira zikalata za boma, linali litayeretsedwa: mnzake wakale Rudolf Wolters anachotsamo ndime zonena za kutulutsa Ayuda m'nyumba zawo ku Berlin. Pofuna malo omangapo mzinda wa maloto ake, Speer ankagwetsa nyumba za anthu, ndipo ogwetseredwawo ankawalowetsa m'nyumba zolandidwa kwa Ayuda. Susanne Willems anafotokoza zimenezi mwatsatanetsatane m'buku la 2002. Ayuda a ku Berlin oposa 50,000 anakwezedwa sitima kupita kum'mawa. Mu September 1942 Speer anavomereza mapulani okulitsa Auschwitz a ndalama zokwana ma Reichsmark 13.7 miliyoni. Mu December 1943 anakayendera yekha ngalande za Mittelbau-Dora kumene akaidi ankapangira mizinga ya V2, ndende imene inadya miyoyo pafupifupi 20,000.

Zonsezi zinalipo m'mabuku, koma mabuku otere amawerengedwa ndi anthu ochepa. Chithunzi cha m'mitu ya anthu chinali chikhalirebe cha bambo waulemu amene anasochera. Ndiye mu May 2005, zaka 60 nkhondo itatha, ARD inaonetsa Speer und Er ya Breloer: zigawo zitatu zosakaniza zisudzo ndi umboni, za Berlin wa maloto, za Nürnberg, ndi za Spandau, ndiponso chigawo chachinayi cha umboni wokhawokha chimene dzina lake m'Chijeremani likunena za chinyengo. Sebastian Koch anali Speer, Tobias Moretti anali Hitler.

Chimene chimandigwira mtima kwambiri pa ntchitoyi si a zisudzowo. Ndi ana. Breloer anakhazika pansi ana atatu a Speer: Albert, yemwenso anakhala katswiri wodziwika wa mapulani a mizinda, Hilde Schramm, amene analowa ndale m'chipani cha Green ku Berlin ndipo anathera zaka zambiri akuthandiza anthu amene anazunzidwa ndi a Nazi, ndi Arnold, dokotala. Anali anthu okalamba kale, imvi mbuu, ndipo iye ankawaonetsa zithunzi ndi zikalata kamera ikujambula nkhope zawo. Awa ndi ana amene ali aang'ono anajambulidwa ataima pafupi ndi Hitler ku Obersalzberg, amene anakula akulemberana makalata ndi bambo wa m'ndende, akumuyendera kwa mphindi zowerengeka mlonda ali pompo. Kwathu kuno timadziwa kulemera kwa kufunsa munthu za bambo ake omwe anatisiya. Pali mbali ina ya ine imene imati Breloer anachita nkhanza. Koma ndikaganiza bwino, ndikuona kuti anawo ankaimira dziko lonse. Mamiliyoni amene ankaonera anali ana ndi zidzukulu za anthu amene ananena kuti sitinkadziwa. Kuona munthu wa zaka 70 akuwerenga pepala limene likutsutsa zimene bambo ake anamuuza, n'kusowa chonena, kunali kuona nkhani ya pa tebulo la kwawo. Palibe wochita zisudzo angasewere kukhala chete kumeneko.

Komabe sindikufuna kumupatsa Breloer ulemu wonse, ndipo apa ndi pamene ine ndi mnzanga wina wa m'kalasi tinakangana mpaka nsima kuzizira. Iye akuti sewerolo linagwetsa bodza la Speer, nkhani yatha. Ine ndikuti linagwetsa ndi dzanja limodzi, linalo likumanganso. Taganizani. Zigawo zoseweredwa zimafuna zokambirana, ndipo zokambirana za m'chipinda cha Hitler kapena m'chitolokosi cha Spandau tingazipeze kuti? Kwa Speer yemweyo, m'mabuku ake. Choncho ngakhale wotsogolera akufuna kumutsutsa, akubwereka maso ake. Kuwonjezera apo, Sebastian Koch ndi mwamuna wooneka bwino. Kamera ikamutsatira kwa maola anayi ndi theka, akulima dimba, akuyenda yekhayekha m'chipale, akukalamba, mtima wa woonera umapita kwa iye, ufune usafune. Anthu amene anatulutsidwa m'nyumba zawo ku Berlin alibe maola anayi ndi theka. Iwo amabwera ngati manambala pa pepala, ndipo nambala siilimbana ndi nkhope. Ngakhale dzina la sewerolo, Speer ndi Iye, likutikokera ku nkhani imene Speer ankaikonda kwambiri, yakuti iye anali mmisiri wachinyamata amene analodzedwa ndi chikondi cha munthu wamphamvu. Wolemba mbiri Magnus Brechtken, m'buku lake la 2017, anasonyeza munthu wina: amene analowa chipani mwakufuna kwake mu 1931, wokonda mphamvu ndi ndalama, amene ankadziwa bwino lomwe chimene akuchita.

Mnzangayo anandifunsa kuti nanga ukanakhala iwe ukanatani, ungapange sewero la Speer lopanda Speer? Ndinalibe yankho tsiku limenelo. Panopa ndili ndi theka la yankho, ndipo ndalipeza poyerekeza masewero ena awiri amene anabwera pambuyo pake.

Loyamba ndi Unsere Mütter, unsere Väter la ZDF mu 2013, lotsogoleredwa ndi Philipp Kadelbach, wopanga wake Nico Hofmann. Ndi nkhani yopeka ya abwenzi asanu achinyamata a ku Berlin amene akutsanzikana mu 1941, mmodzi mwa iwo Myuda. Lili ndi zonse zimene woonera amafuna: chikondi, nyimbo, nkhondo yojambulidwa ngati ya ku Hollywood. Anthu pafupifupi 7 miliyoni ankaonera chigawo chilichonse, ndipo linapatanso International Emmy. Koma taonani chimene linachita. Achinyamata asanuwo, ngakhale ena amafika pochita zoipa, palibe amene amayamba ali wokhulupirira Hitler ndi mtima wonse. A Nazi enieni nthawi zonse ndi anthu ena, a nkhope zouma. Ndipo chidani cha Ayuda chimene chimaoneka kwambiri chili pakati pa asilikali a m'tchire a ku Poland, a Armia Krajowa, amene ankamenyana ndi Germany. Ku Poland anthu anakwiya koopsa, kazembe wawo analemba kalata yodandaula, ndipo msilikali wina wakale wa gululo anakasuma. Mu December 2018 khoti la ku Kraków linalamula kuti opanga sewerolo apepese. Kwa ine ili ndi bodza la Speer lomwe lija litavala zovala zatsopano: makolo athu anali anthu abwino amene nthawi inawapsinja.

Lachiwiri ndi Die Wannseekonferenz la Matti Geschonneck, limene ZDF inaonetsa mu January 2022. Pa 20 January 1942 akuluakulu 15 a boma ndi a SS anakumana m'nyumba ina yokongola m'mbali mwa nyanja ya Wannsee, motsogoleredwa ndi Reinhard Heydrich, kukonza m'mene maofesi agwirire ntchito limodzi popha Ayuda 11 miliyoni a ku Ulaya. Msonkhanowo unatenga pafupifupi ola ndi theka. Adolf Eichmann analemba chidule chake, anapanga makope 30, ndipo imodzi yokha, ya nambala 16, ndi imene inapezeka mu 1947 m'mafayilo a unduna wa zakunja. Geschonneck anangotsekera anthuwa m'chipinda. Mulibe nyimbo ngakhale imodzi. Mulibe mtembo, mulibe sitima, mulibe munthu wabwino woti umugwire dzanja. Muli amuna ophunzira, ambiri a iwo madokotala a zamalamulo, akumwa khofi, akukangana za ulamuliro wa maofesi awo ndi za amene awerengedwe kuti ndi Myuda. Ngakhale amene akuoneka ngati akutsutsa, ukamvetsera bwino, akudandaula za malamulo kapena za mitima ya asilikali owombera, osati za ophedwa. Heinz Schirk anali atapanga kale sewero lofanana mu 1984, ndipo onse awiri anayenera kupeka mawu a m'kamwa, chifukwa chidule cha Eichmann sichinalembe liwu ndi liwu. Ndiye kupeka kulipo ndithu. Kusiyana kwake n'kwakuti apa kupekako sikukupatsa woonera pobisala.

Theka la yankho langa ndi limeneli: vuto si kupeka. Aliyense amapeka, ngakhale wolemba mbiri akamasankha chikalata choti ayambire. Funso ndi lakuti wotsogolera wakuika pa mpando uti. Kadelbach anatiika pakati pa abwenzi okondeka. Geschonneck anatiika pa tebulo la akupha, n'kuchotsa nyimbo imene ikanatiuza kuti ife ndife osiyana nawo. Breloer anatiika pakati, mwendo wina mwa Speer, wina mwa ana ake, ndipo n'chifukwa chake ntchito yake imandisowetsa mtendere kuposa zinazo, komanso n'chifukwa chake ndimabwererako.

Ndisanaiwale, pali mpando wina umene TV imeneyi sinkaukumbukira kawirikawiri. Germany inali ndi maiko ake kuno ku Africa, ndipo malire a German East Africa anafika pa mtsinje wa Songwe. Mu September 1914 asilikali awo anamenyana ndi a Britain ku Karonga, ndipo nkhondo imeneyo inameza amuna ambirimbiri a kuno amene anagwidwa kukanyamula katundu, a tengatenga. Mu 1985 Egon Günther anapanga Morenga, sewero la pa TV la nkhondo ya ku Namibia kuchokera m'buku la Uwe Timm. Koma pamene ZDF mu 2007 inaonetsa Afrika, mon amour, yochitikira ku East Africa pa nthawi ya nkhondo yomweyo, pakati pa nkhani panali mayi wachizungu wothawa banja loipa, woseweredwa ndi Iris Berben. Dziko limene laphunzira kudzifunsa mafunso owawa pa za 1933 mpaka 1945 linkaonabe Africa ngati malo okongola ochitikirako mavuto a azungu. Iyi ndi nkhani yofuna tsiku lakelake.

Tibwerere kwa Speer. Anamwalira pa 1 September 1981 ku London, kumene anapita kukajambulitsa kucheza ndi BBC, akugwirabe ntchito yake yofotokozera dziko za iye mwini. Mpaka tsiku limenelo ankakanabe poyera kuti sanamve zimene Himmler ananena ku Posen. Breloer, mu 2005, anali ndi zikalata zambiri koma analibe mawu a Speer mwini ovomera zimenezo. Mu 2007, patapita zaka ziwiri sewerolo litaonetsedwa, makalata ena anatulukira pa malonda ku London. Anali makalata amene Speer ankalembera Hélène Jeanty, mayi wa ku Belgium amene mwamuna wake anaphedwa ndi a Nazi. M'kalata ya mu December 1971 anamulembera mayiyo kuti palibe chikaiko, iye analipo pamene Himmler ankalengeza kuti Ayuda onse aphedwa.